Malaya Opanda Mabatani

Mutu 6

1. Ikakwana folo koloko

Mushopu ya amayi ake a Kapensulo munali makina osokera awiri, tebulo lodulirapo nsalu, galasi lalitali losweka pakona ndi kanema wamng'ono pamwamba pa kabati. Kanemayo anali wokalamba, moti kuti aonetse zithunzi ankafuna ayambe wamenyedwa khofi.

Kapensulo anali mtsikana wa Fomu 3. Dzinali anamupatsa ndi anzake chifukwa pensulo sinkachoka m'tsitsi mwake. Akaweruka kusukulu ankapita kushopu kukasesa tizidutswa ta nsalu ndi kusita zovala zomwe zatha kusokedwa.

Ikakwana folo koloko, pakanema pankayamba sewero lachikondi. Apa ndiye pankachitika zodabwitsa. Madiresi a amayi a m'dera lonselo ankayamba kuthina nthawi imodzi. Uyu wabwera kudzayesa mkono, uyu zipi yavuta, wina wangodzafunsa ngati nsalu yake ikadalipo. Shopu inkadzaza, makina n'kukhala chete.

"Usamutsegulire chitseko ameneyo!" wina ankakuwa choncho, ngati mtsikana wa m'kanemayo akumva.

"Amutsegulira basi. Ife akazi mitu yathu ndi imodzimodzi."

Kenako ankalira. Amayi akuluakulu, ena oti ngakhale pamaliro maso awo amakhala gwa, ankapukuta misozi ndi nsalu za eni ake. Amayi a Kapensulo nawonso ankalira, koma mwakachetechete, tepi yoyezera ili m'khosi.

Pamsomali wa pakhoma, kuseri kwa makina awo, pankalendewera malaya achimuna a buluu, okutidwa ndi pulasitiki. Anali osokedwa bwino, koma analibe mabatani. Anakhala pamenepo zaka zambiri, moti makasitomala onse ankawadziwa.

"Atelala, mwini malayawa akubwera wapansi kuchokera kumwezi kodi?" ankawaseka motero.

"Ndi a kasitomala wina. Adzatenga," amayiwo ankayankha uku akuseka nawo.

Bambo ake a Kapensulo anachoka pakhomo iye ali ndi zaka zinayi. Anati akukafuna ntchito kutauni ina, ndipo anakakwatira komweko. Amayi ake sankawatchula n'komwe. Wina akaiputa nkhaniyo ankangoti, "Ine za amuna ndinasamba m'manja kalekale." Anthu ankawatama kuti ndi mayi wolimba mtima, ndipo iwo ankanyadira mbiri imeneyo.

2. Sewero louma

Kusukulu kunkayandikira tsiku la makolo. Aphunzitsi a zisudzo anasankha Kapensulo kuti alembe sewero lachikondi. Analemba masamba khumi ndi awiri, n'kupereka monyadira.

Aphunzitsi anawerenga masamba atatu okha, n'kuvula magalasi.

"Mwanawe, anthu akowa akukondana ngati akuwerenga malamulo a sukulu. Ndani angakhale pansi kuonera zimenezi?"

Namisozi, mtsikana amene ankayenera kukhala mkazi wosiyidwa m'sewerolo, anawonjezera moto. Iyeyu ankatha kugwetsa misozi nthawi iliyonse imene wafuna, ndipo dzina lake linachokera pamenepo.

"Ine kulira ndimatha, koma apa ndilira chiyani? Ngakhale utandibweretsera anyezi sizingatheke."

Anzake onse a gulu la zisudzo anaseka. Aphunzitsi anati ngati pofika Lachisanu sewerolo silisintha, apatsa wina kuti alembe. Kapensulo zinamupweteka kwambiri.

Madzulo a tsikulo amayi ake anapita kukagula ulusi, ndipo mushopu munatsala iye ndi Amabatani. Awa anali mayi wachikulire amene ankasoka mabatani ndi kupinda madiresi pamanja. Anagwira ntchito mushopumo kuyambira tsiku limene inatsegulidwa, ndipo sankabisa mawu.

"Agogo, ndikufunseni. N'chifukwa chiyani mumakonda masewero achikondi chonchi? Mumadziwa kuti ndi bodza, koma mumalira tsiku ndi tsiku."

Amabatani analuma ulusi ndi mano.

"Ukuganiza kuti timalirira kamtsikana kopaka milomo kaja? Kaja kakamaliza kulira kamakwera galimoto n'kumapita kwawo. Tamvera. Aliyense amene umamuona atakhala pabenchi apa ali ndi chake chimene chinamubaya. Wina anamusiya, wina anasiya yekha munthu wabwino n'kutola chimene anatolacho, wina sanauzidwepo chibadwire kuti ndimakukonda. Ndiye ukalire kuti? Kunyumba ana akufunsa kuti amayi chavuta n'chiyani. Panjira anthu akuti wapenga. Koma pakanema apa umalira mpaka kukhuta, ndipo palibe amene amakufunsa. Onse amati ukulirira sewero. Likatha umapukuta maso, umaseka, n'kupita kukaphikira ana. Komanso mujamo amene anachoka amabwerera, mwanangu. Amagogoda pachitseko, amagwada, amapepesa. Kunja kuno unaona kangati zimenezo? Ndiye tisiyeni tizionera."

Kapensulo anasolola pensulo m'tsitsi n'kulemba mawu ena pachikuto cha kope. Koma sewero lake linakhalabe louma.

3. Kadirowa ka makina

Lachitatu amayi ake anapita kukayeza akwati kunyumba kwawo. Amabatani anamutuma Kapensulo kuti awapezere choko cholembera nsalu.

Anatsegula kadirowa ka makina a amayi ake. Choko sanachipeze, koma pansi pa tinsalu takale panali mpukutu wa makalata womangidwa ndi kansalu ka buluu. Analibe maenvulopu. Zilembo zake zinali za amayi ake.

Akanatha kutseka kadirowako. Sanatseke. Anasolola kalata yapamwamba n'kuyamba kuwerenga.

"Bambo a mwana wanga, chaka china chathanso. Malaya anu aja ndinamaliza kalekale, atsala mabatani okha. Munati mudzasankha nokha mabataniwo, ndiye ndikudikira. Chaka chilichonse ndimawasula m'mbali n'kuwakuzako pang'ono, poganiza kuti mwina mwanenepa kumeneko. Nsalu imene ndinasiya mkati yatsala pang'ono kutha. Ikadzatha sindikudziwa kuti ndidzatani. Mwana wanu watalika, wandipitirira. Akamaseka amaphimba pakamwa ngati inu. Anthu kuno amati ndine wolimba. Asiyeni azitero."

Makalatawo analipo khumi ndi atatu, chaka chilichonse kalata imodzi. Palibe ngakhale imodzi imene inatumizidwa.

Kapensulo analira. Koma misozi isanaume, dzanja lake linali litapita kale m'tsitsi. Anatsegula kope n'kuyamba kukopera.

"Choko chija wakachipanga wekha kodi?" Amabatani anafunsa. Atatembenuka n'kuona zimene zinali pamiyendo pa mtsikanayo, nkhope yawo inasintha.

"Bweza. Bweza msanga mmene unazipezera."

"Agogo, munkadziwa?"

"Ndasoka mabatani muno zaka zonsezi, ndipo malaya amodzi okha ndi amene sanandipatsepo. Ndingalephere kudziwa? Koma unandimvapo ndikunena? Tsono iwe ukulembanji m'kopemo?"

Kapensulo anafotokoza za sewero, za Lachisanu, ndi za kusekedwa kuja. Anati asintha zonse. Mkaziyo adzakhala namwino, ndipo mwana adzakhala wamwamuna. Palibe amene adzazindikire.

Amabatani anaika singano pansi, chinthu chimene sankachita kawirikawiri.

"Khala apa, undimvere bwino, chifukwa sindibwereza. Anthu a m'kanema aja akamalira, palibe chimene chawachokera. Ndi ntchito yawo. Koma izi wagwirazi si sewero. Mayi ako anakulera ndi makina awa. Anthu atamuseka kuti wathawidwa, anadzuka m'mawa, n'kumanga mpango, n'kudzatsegula shopu ngati palibe chachitika. Chimene anatsala nacho ndi ulemu wakewo basi, ndi kadirowa aka. Iwe ukufuna ukakatsegule pamaso pa anthu kuti akuombere m'manja. Adzaomba, sindikukana. Anthu amakonda chilonda cha mnzawo chikakhala patali. Koma m'manja akatha kuomba aliyense adzapita kwawo, iwe udzabwerera kwa mayi ako. Ukuti usintha maina. Diresi la munthu ukalisintha kolala, mwini wake amalidziwabe. Ngati ukuwafunadi mawuwo, kawapemphe. Akakana, wakana ndi mwini wake."

"Ndamva, agogo."

Anamanga makalata aja n'kuwabweza. Koma tsamba la m'kope lija sanaling'ambe, ndipo amayi ake sanawapemphe.

4. Diresi la Namisozi

Lachisanu Namisozi anawerenga kalata ija, imene Kapensulo anali ataiika m'sewero lake, pamaso pa gulu lonse la zisudzo. Atafika pa mawu a nsalu yotsala pang'ono kutha, mawu ake ananjenjemera, ndipo ulendo uno sanachite kudzikakamiza. Anyamata amene ankasewera kumbuyo anakhala chete.

Aphunzitsi anavula magalasi n'kupukuta m'maso.

"Izi ndiye zolemba. Wazitenga kuti, mwanawe?"

"M'mutu mwangamu, aphunzitsi."

Mkaziyo Kapensulo anamusandutsadi namwino, mwana n'kukhala wamwamuna. Koma malaya anawasiya momwemo, a buluu, opanda mabatani. Anayesa kuika jekete, anayesa nsapato, koma mawuwo ankafa. Ndiye anati malaya a buluu ndi ambiri padziko.

Amayi ake atamva kuti sewero la mwana wawo lasankhidwa, anasangalala ngati mwana. Anasoka okha diresi loyera la unamwino loti Namisozi adzavale. Kasitomala aliyense wolowa ankamuuza.

"Loweruka mubwere kusukulu. Wanga uja walemba sewero. Za pakanemazi muziiwala."

Tsiku lina akupinda diresilo, Kapensulo anaima pafupi nawo nthawi yaitali.

"Amayi, m'sewero muja muli mawu ena..."

"Ayi, ayi, usandiuze. Ukufuna undionongere kukoma? Ndikamvera komweko pamodzi ndi anzanga."

Apa panali poti anene. Amabatani anamuyang'ana pamwamba pa magalasi awo, kudikira. Kapensulo anatola tsache n'kuyamba kusesa pamalo posesa kale.

5. Loweruka masana

Holo ya sukulu inadzaza. Amayi a Kapensulo anakhala mzere wachitatu, atavala diresi lawo labwino koposa. Kumanja ndi kumanzere kwawo kunali amayi onse a folo koloko aja. Amabatani sanabwere. Anati miyendo ikuwawa.

Sewero linayamba bwino. Anthu anaseka pamene mnyamata ankafunsira namwino uku akunamizira kudwala mutu. Anadandaula pamene ananyamula chikwama n'kulonjeza kuti abwera mwezi wamawa. Kapensulo ankasuzumira pakatani, ndipo ankaona amayi ake akuseka n'kumagunda anzawo ndi chigongono.

Kenako Namisozi anakhala yekha patebulo, n'kutenga pepala.

"Bambo a mwana wanga, chaka china chathanso."

Kumwetulira kwa amayi aja kunaima pomwepo.

"Malaya anu a buluu aja ndinamaliza kalekale, atsala mabatani okha."

Muholo munali zii. Abambo ena ankayang'ana kudenga. Amayi ambiri anali atayamba kale kufwenthera. Namisozi anapitiriza za kusula m'mbali, za kunenepa, za nsalu yotsala pang'ono kutha. Anachita bwino kwambiri mwana uja, palibe angatsutse.

Ndiye mayi wina wa mzere wachitatu, uja wokonda kukuwira anthu a m'kanema, analankhula. Iye ankaganiza kuti akunong'ona, koma kunong'ona kwake kunkamveka mizere isanu.

"Iii, anthuni! Si malaya a mushopu aja amenewa?"

Mitu inatembenuka. Woyamba, wachiwiri, kenako mzere wonse. Amene sankadziwa anafunsa anzawo, ndipo anzawo anawalozera ndi milomo. Pasanathe mphindi, theka la holo linali litasiya kuonera Namisozi.

Amayi a Kapensulo sanaweramitse mutu. Anakhala chilili m'mpando, maso ali kutsogolo, manja atagwira kachikwama pamiyendo. Muholo monse anthu ankalira, koma iwo okha maso anali ouma.

Sewero litatha anthu anaimirira. Anaomba m'manja mpaka aphunzitsi anakoka Kapensulo kumubweretsa kutsogolo. Amayi ake nawonso anaimirira, n'kuomba m'manja bwinobwino ngati kholo lina lililonse. Kenako anadutsa pakati pa mipando, n'kutuluka osayang'ana kumbuyo.

Kapensulo anali atalota za m'manja mmenemo kwa milungu itatu. Sanamve kukoma ngakhale pang'ono.

6. Lolemba

Lamulungu lonse amayi ake sanaitchule nkhaniyo. Anamufunsa ngati wachapa yunifolomu. Anamuuza kuti atseke mpopi. Kukalipiridwa kukanakhala bwino kuposa zimenezo.

Lolemba aphunzitsi anamuitana n'kumupatsa pepala. Anati pa alendo a Loweruka panali munthu wa kunyumba ina youlutsira mawu, ndipo akufuna sewerolo likamveke pa wailesi. Chofunika chinali chakuti kholo lisaine. Kapensulo anapinda pepalalo kanayi n'kuliika m'thumba.

Atafika kushopu anapeza pakhoma paja pali msomali wokha. Malaya anali atachotsedwa.

Folo koloko itakwana, amayi anabwera ambiri kuposa masiku onse, ena oti sanasoketsepo kanthu mushopumo. Kanema anamenyedwa khofi lake, sewero n'kuyamba. Koma palibe amene ankakuwira mtsikana wa m'kanema. Mwamuna wa m'sewerolo atagogoda pachitseko, maso onse anapita kwa atelala.

"Pepanitu, anzathu. Ife timangoseka za malaya aja, sitinkadziwa," mayi wina anatero.

"Zaka zonsezi? Mwamuna wanu yemwe uja? Inu ndiye muli ndi mtima."

Amayi a Kapensulo anangoti, "Zikomo." Anakoka nsalu, n'kuponda makina. Kwa nthawi yoyamba makina analira nthawi ya sewero, ndipo sanasiye mpaka linatha.

Anthu atabalalika, Amabatani analongedza singano zawo n'kutsanzika msanga. Mushopu munatsala awiri.

Kapensulo anagwada pafupi ndi makina.

"Amayi, ndinalakwa. Ndikhululukireni."

Amayi ake anadula ulusi.

"Unawerenga angati?"

"Imodzi yokha."

"Dzuka, ukudetsa yunifolomu." Anavula tepi m'khosi n'kuyamba kuikulunga pachala. "Sindikumenya, mwanangu. Wakula. Koma ndikuuze chimene wachita, kuti uchidziwe. Ine zoti anthu adziwa kuti ndine chitsiru chodikira munthu amene anandiiwala, ndipirira. Adzalankhula, adzatopa. Koma patsiku ndinali ndi ola limodzi lokha. Kanema uyu akayaka, ndinkakhala pakati pa anzanga n'kulira za ine mwini, ndipo aliyense ankati ndikulirira sewero. Ola limenelo ndi limene linkandithandiza kudzuka mawa lake. Lero waona wekha. Ndikangogwetsa msozi umodzi, onse adziwa mwini wake. Tsono ndizikalirira kuti?"

Kapensulo analira mpaka phewa kugwedezeka, ndipo amayi ake anamusiya alire.

"Mawu aja ukanandipempha, mwina ndikanakupatsa. Mwinanso ayi. Koma akanakhala anga popereka."

Pamene mtsikanayo ankatulutsa kansalu kopukutira m'maso, pepala lija linagwa kuchokera m'thumba. Kapensulo analitola msanga.

"N'chiyani chimenecho?"

"Palibe, amayi. Ndiling'amba. Akuti sewero lija likamveke pa wailesi, koma ine sindikufunanso. Mawa ndikawauza aphunzitsi kuti mwakana."

"Ndakana liti? Wayambanso kundilankhulira? Bweretsa kuno."

Analitambasula patebulo lodulira nsalu, n'kulisalaza ndi dzanja monga amachitira ndi nsalu yamakwinya. Anawerenga pang'onopang'ono kuyambira pamwamba mpaka pamzere wosainapo. Kenako anayang'ana msomali uja pakhoma nthawi yaitali.

Anatambasula dzanja n'kusolola pensulo m'tsitsi mwa mwana wawo. Sanasaine. Anangoigwira. Atalankhula, mawu awo anali aang'ono ngati a mtsikana.

"Wailesi imeneyi, imamveka mpaka kumene amakhala bambo ako?"